Malo omwe nthawi siyenda: sayansi yongopeka koma mafunso ake ndi enieni

Nkhaniyi inayamba chifukwa cha nyama ya mbuzi. Magetsi anazima tsiku lonse mpaka usiku womwe, firiji inangosanduka kabati, m'mawa mwake titatsegula fungo lake linatibalalitsa tonse, ndiye mphwanga amene amakonda mafilimu a zakuthambo aja anangoima pakhomo atagwira mphuno n'kunena kuti "achimwene, vuto apa si magetsi ayi, vuto ndi nthawi, pakanakhala kabokosi koti mkati mwake nthawi siyenda bwenzi nyamayi ili bwinobwino mpaka zidzukulu zanu kudzadya." Ine ndinamuuza kuti akataye nyamayo asiye zamisala. Koma mukudziwa mafunso opusa mmene amakhalira, amakakamira m'mutu ngati chisoso pa thalauzi, sabata yonse ndimangoganiza za kabokosi kameneka, kuti kodi katakhalapo kangaoneke bwanji, ungalowemo bwanji, nanga angakutulutse ndani.

Olemba nthano za sayansi ali nalo dzina lake, amati stasis field, dera lomwe mkati mwake chilichonse chaima nji pomwe kunja dziko likupitiriza zake. Tinene poyera pompano wina asanayambe kufunsa mtengo wake: chinthuchi kulibe. Palibe labu, kaya ku America kaya ku China, yomwe inapangapo olo kadontho ka malo otere, komanso mu fizikisi yomwe tili nayo lero mulibe njira yopangira. Ndi zongopeka basi. Koma kupeka kwake kuli ndi lamulo lomwe ine ndimalikonda, umaloledwa kunama kamodzi kokha. Wanama kuti malo otere alipo, chabwino tavomera, koma zotsalazo uzitsate ndi sayansi yeniyeni osabera. Zili ngati bawo, dzenje loyambira usankha wekha koma ukayamba kuponya njere zipita komwe zikupita, sungadumphe dzenje chifukwa choti silikukusangalatsa.

Tigwirizane kaye kuti nthawi kuima ndi chiyani chifukwa ambiri timasokoneza. Wotchi yapakhoma ikatha batire n'kuima pa 4:20 nthawi siinaime, fumbi likupitiriza kuunjikana pa wotchi yomweyo. Nkhani ya Yoswa ija m'Baibulo, dzuwa litaima pa Gibeoni, mukaiwerenga bwino nkhondo inkapitirira, anthu ankathamanga, malupanga ankagwira ntchito, ndiye kuti nthawi inkayenda ndithu. Firiji nayo siimitsa nthawi, imangochititsa ulesi tizilombo towoletsa nyama. Nthawi timaidziwa ndi kusintha kwa zinthu basi, mthunzi wasuntha, mtima wagunda, mwana wamera dzino. Olo sekondi yomwe dziko lonse likugwiritsa ntchitoyi, kuyambira 1967 anagwirizana kuti aziiyeza powerenga kunjenjemera kwa mafunde a atomu ya chitsulo china chotchedwa caesium, kukakwana 9,192,631,770 ndiye sekondi imodzi imeneyo. Choncho malo omwe nthawi yaimadi ndi malo oti palibe chikusintha olo chimodzi, atomu siinjenjemera, mpweya suyenda, ganizo lomwe linayamba m'mutu latsala pakati osamalizika.

Tsopano tiyeni tipeke. Tayerekezani kuti pakati penipeni pa bwalo la mpira pali dera lozungulira lalikulu ngati nkhokwe, mkati mwake nthawi yaima, ndipo muli bambo wina wagwira kapu ya tiyi. M'mafilimu amationetsa bamboyo ali chilili ngati chiboliboli, tiyi ali m'malere akutayika koma osafika pansi, anthu akuzungulira kumamuloza. Apa nde bodza lachiwiri lija talikana. Ife timaona chinthu chifukwa kuwala kwachoka ku dzuwa kapena pa babu, kwamenya chinthucho, kenako kwabwerera kudzalowa m'maso mwathu, umenewo ndi ulendo, ndipo ulendo uliwonse umadya nthawi olo ukhale wa liwiro la makilomita pafupifupi 300,000 pa sekondi ngati mmene kuwala kumathamangira. Kuwala kukafika pamalire a dera lija sikungalowe kukamenya nkhope ya mkuluyo n'kubwerako, chifukwa mkatimo mulibe "kenako". Ndiye zatsala ziwiri. Mwina kuwala kumangokanirira pamalirepo osabwerera, apo mungaone chimpira chakuda bii, chooneka ngati bowo lomwe wina wadula ndi sizasi pa chithunzi. Apo ayi kuwala konse kumanjanja kubwerera, ndiye mungaone chimpira chonyezimira ngati galasi, mukasuzumira mukungodziona nokha mphuno itakula. Bambo wa tiyi uja simungamuone mbali zonse ziwiri, mungokhulupirira kuti alimo.

Ine ndikanakhala wopanga ndikanasankha chagalasicho, chifukwa chakudacho ndi bomba. Taonani masamu ake. Dzuwa likaswa mtengo limathira pafupifupi mawati 1,000 pa malo a mita imodzi m'litali ndi mita imodzi m'lifupi, amene ali ndi ma solar pa denga akudziwa zimenezi. Pa chaka chonse kuno kwathu kotentha zimakwana pafupifupi mayunitsi 2,000, mayunitsi omwewa timagula a magetsiwa, pa kamalo kochepa ngati katebulo. Ngati kuwala konseko kukungounjikana pamalire osapita kulikonse, pakatha zaka 50 mwasonkhanitsa mayunitsi 100,000 pa mita iliyonse, ndipo tsiku lomwe mudzazimitse makinawo zonsezo zidzalowa kamodzi ngati madzi a damu lophulika. Mkulu uja amaganiza kuti wathawa ukalamba koma adzapserera asanamalize kuphethira.

Ndiye pali nkhani ya malire, yomwe kwa ine ndi phata la nkhani yonseyi. Mwati mulowe, mwatsogoza chala. Nsonga ya chala ikangokhudza dera lija yaima, singapite patsogolo chifukwa kupita patsogolo ndi kusintha, pomwe dzanja lonse kumbuyoku likukankhabe. Ndiye kuti simungalowe, malo amenewa angakhale olimba kuposa mwala uliwonse, chipolopolo, khasu, thirakitala, palibe chingakande olo pang'ono. Ena amapeka kuti malirewo si odukiza ngati mpeni koma otsetsereka, nthawi imapita ichedwa pang'onopang'ono mukamalowa, koma apo nde zoopsa kwambiri, mtima uli kunja ukupopa magazi mwa masiku onse, mkono uli mkati magazi akukwawa, ndiye magaziwo aunjikana pamalire ngati magalimoto pa roadblock mpakana mitsempha kuphulika. Mutu ukalowa theka, ubongo wakutsogolo ukuganiza pa liwiro lake wakumbuyo pa liwiro lakenso, eeh, ndisapitirize. Njira yokhayo ndi yoti munthu akhale kaye pampando bwinobwino, kenako deralo liyatsidwe pa thupi lonse nthawi imodzi ndendende, kuyambira kuphazi mpaka paliwombo osasiyana olo kachidutswa ka sekondi.

Funso lomwe linamusowetsa chonena mphwanga ndi ili: chabwino mwayatsa, azimitsa ndani? Swichi singakhale mkati, chala choidinacho chaima. Alamu singakhale mkati, alamu imawerenga nthawi ndipo nthawi mulibe. Ndiye makina onse, batire, swichi ndi munthu woidina ziyenera kukhala kunja komwe dzimbiri likugwira ntchito, makoswe akudya mawaya, anthu akumwalira ena akuiwala. Kutanthauza kuti moyo wanu wonse mwausiya m'manja mwa otsala, ndipo inu mukuwadziwa achibale mmene amachitira ndi katundu wa munthu yemwe sakutha kuyankhula, mwalowa muli ndi nyumba yamalata ndi minda iwiri, ndani adzafune kuti mutuluke kkkk. Olo atakutulutsani, mutulukira m'dziko la eni. Asilamu akuidziwa nkhani ya anyamata a kuphanga mu Surah Al-Kahf ya mu Korani, anagona zaka 309, podzuka ankayesa agona tsiku limodzi kapena gawo chabe la tsiku, n'kutuma mmodzi ndi ndalama yasiliva kukagula chakudya mumzinda. Akhristu akale nawo ali nayo nkhaniyi, ya ogona 7 a ku Ephesus, ndipo mmenemo chinawaulula ndi ndalama yakaleyo. Chimodzimodzi munthu kulowa mu 1970 ali ndi mapaundi ndi masheleni m'thumba, kwacha isanabwere mu 1971, n'kutuluka lero kumafunsa mtengo wa buledi.

Palinso kamsampha kena. Tikati chinthu chaima, chaima poyerekeza ndi chiyani? Inu mwakhala phee pamkeka panopa koma dziko likukuzungulitsani pa liwiro la makilomita pafupifupi 1,600 pa ola kuno kwathu, komanso dziko lomwelo likuthamanga kuzungulira dzuwa makilomita pafupifupi 30 pa sekondi iliyonse, dzuwa nalo silinakhale pansi, likuzungulira pakati pa mlalang'amba wathu. Dera lija likati ine ndaima sindisuntha, dziko lilisiya m'mbuyo m'kuphethira kumodzi, apo ayi liliwomba n'kubooka ngati papaya lolasidwa ndi legeni. Likati liyende limodzi ndi dziko, ndiye chikulikhotetsa ndi chiyani popeza kukhota n'kusintha? Opeka ambiri apa amangodumpha, amati limamatirira pansi basi. Ine ndimati kubera kumeneko.

Koma chomwe chinandidabwitsa nditayamba kufufuza ndi choti theka la nkhaniyi ndi zoona. Nthawi siima koma imachedwa, ndipo izi anayeza kale kambirimbiri. Isaac Newton mu 1687 ankati nthawi ndi imodzi paliponse, imayenda mofanana kaya uli kuti kaya ukutani, ndipo anthu anavomera kwa zaka zoposa 200 chifukwa nanga si ndi mmene zimaonekera. Mpakana Albert Einstein, ali wantchito wamba mu ofesi yolembetsa umwini wa zinthu zatsopano zomwe anthu atulukira ku Bern, ku Switzerland, mu 1905 anaonetsa kuti wotchi yomwe ikuthamanga imachedwa poyerekeza ndi yomwe yatsala, kenako mu 1915 anamaliza mbali yachiwiri yoti gravity nayo, mphamvu ija imagwetsa mango pansi, imachedwetsa nthawi, pomwe ikukoka kwambiri wotchi imayenda pang'onopang'ono. Osati wotchi kuwonongeka ayi, chilichonse chimachedwa limodzi, mtima, imvi, kupsa kwa nyemba pamoto, zonse.

Mu Okotobala 1971 anthu awiri, Joseph Hafele ndi Richard Keating, anatenga mawotchi anayi a caesium n'kukwera nawo ndege wamba zonyamula anthu, mawotchiwo anawagulira matikiti a mipando ngati anthu, anazungulira dziko kulowera kum'mawa kenako anazunguliranso kulowera kumadzulo. Pobwera anafananitsa ndi mawotchi otsala ku Washington. A ulendo wakum'mawa anatsalira ndi ma nanosecond pafupifupi 59, a ulendo wakumadzulo anatsogola ndi 273, nanosecond ndi sekondi imodzi mutaigawa ka 1 biliyoni n'kutengapo kamodzi. Zochepa inde, koma zinagwirizana ndi masamu a Einstein. Ndipo foni yanuyo imadalira zimenezi tsiku lililonse. Masetilaiti a GPS ali pa mtunda wa makilomita pafupifupi 20,200 m'mwamba, chifukwa cha liwiro lawo mawotchi ake amatsalira ndi ma microsecond 7 patsiku, koma chifukwa choti kumwambako gravity ndi yofooka amatsogola ndi 45, mukachotsera atsogola ndi 38 patsiku. Microsecond ndi sekondi kuigawa ka 1 miliyoni, ndiye mwina mukuti aaa zachibwana, koma mu ma microsecond 38 kuwala kumayenda makilomita 11, ndipo GPS imadziwa pomwe muli poyeza nthawi yomwe siginolo yatenga kuti ikupezeni. N'chifukwa chake mainjiniya amawachedwetsa dala mawotchiwo asanawatumize kumwamba.

Kwathu konkuno ziliponso. Nsonga ya Sapitwa pa phiri la Mulanje ili mamita 3,002 pamwamba pa nyanja yamchere, pomwe ku Nsanje ndi kunsi kwenikweni. Phirili lili ndi nthano zake za mizimu ndi anthu osowa, izo ndizisiye, koma mukaika wotchi imodzi pansongapo ina ku Nsanje, pakatha chaka ya pamwamba itsogola ndi ma microsecond pafupifupi 10. Wokhala kuphiri amakalamba msanga kuposa wa ku chigwa, kungoti pa zaka 80 kusiyanako sikukwana olo gawo limodzi pa magawo 1,000 a sekondi, ndiye musasamuke. Mu 2010 asayansi a NIST, bungwe la boma la America loona za miyeso, ku Boulder, Colorado anangokweza wotchi imodzi ndi masentimita 33 okha n'kuona kusiyanako. Ndiye kuti mutu wanu ndi wamkulu zaka kuposa mapazi anu, pang'ono chabe koma ndi zoona.

Nanga bwanji osangothamanga kwambiri mpakana nthawi iime? Apa mpomwe chitseko chimatsekeka. Okhala pa International Space Station, chombo cha asayansi chomwe chimazungulira dziko kumwambaku, amathamanga makilomita pafupifupi 28,000 pa ola, koma akakhala miyezi 6 amabwera atapindula pafupifupi 0.005 ya sekondi, ndalama zonse zija. Chinthu chothamanga kwambiri chomwe anthu anapangapo, chombo chofufuza dzuwa chotchedwa Parker Solar Probe, chinafika makilomita pafupifupi 692,000 pa ola mu Disembala 2024, koma sichinakwane olo gawo limodzi pa 1,000 la liwiro la kuwala. Kuti nthawi ichedwe ndi theka muyenera kufika pa 87 peresenti ya liwiro la kuwala, kuti ichedwe ka 10 mufike pa 99.5 peresenti. Tinthu ting'onoting'ono timakwanitsa. Pali kena kotchedwa muon, kamabadwira m'mwamba makilomita pafupifupi 15 tinthu tochokera kuthambo tikawomba mpweya, moyo wake ndi ma microsecond 2.2 basi, pa moyo umenewo kakanayenda mamita 660 okha n'kufa, koma timafika pansi pano tambirimbiri, pachikhato chanucho pamadutsa pafupifupi kamodzi sekondi iliyonse, chifukwa kwa ife wotchi yake ikukwawa. Ku CERN, labu yaikulu ya fizikisi pa malire a Switzerland ndi France, amathamangitsa ma proton, tinthu ta mkati mwa atomu, mpaka nthawi yawo kuchedwa pafupifupi ka 7,000. Koma kuchedwa ka 7,000 si kuima, olo ka 7 miliyoni si kuima. Mukamayandikira liwiro la kuwala mphamvu yofunika imapita ikwera mopanda malire, chinthu chilichonse cholemera olo pang'ono sichingafikepo, mungawotche mafuta onse a pa dziko lapansi mudzangoyandikira basi.

Ndiye kwatsala malo amodzi omwe asayansi enieni anafika ponena mawu oti kuima, black hole. Munthu woyamba kupeza masamu ake anali Karl Schwarzschild wa ku Germany, anawerengera ali msilikali ku nkhondo yoyamba ya dziko lonse, zinasindikizidwa kumayambiriro kwa 1916 ndipo iye anamwalira ndi matenda mu Meyi chaka chomwecho. Masamuwo akuti chinthu chilichonse mutachifinya mokwanira pamabadwa malire ozungulira omwe olo kuwala sikungatulukemo. Dzuwa mutalifinya mpaka kuchoka pakati kufika m'mphepete pakhale makilomita 3 okha, lasanduka black hole. Dziko lathuli, ndi mapiri ake ndi nyanja zake zonse, mungafunike kulifinya mpaka likhale ngati kachipatso kamodzi ka masawu. Malire amenewo amati event horizon, ndipo pamalirepo masamu amaonetsa kuti kwa munthu woonera kutali wotchi yachedwa mpaka kuima. Mu 1939 Robert Oppenheimer, yemwe uja anadzatsogolera kupanga bomba la atomiki, ndi wophunzira wake Hartland Snyder anawerengera nyenyezi yaikulu ikamadzigwera yokha mafuta ake atatha, anapeza kuti woonera kunja angaone kugwako kukupita kuchedwa ngati sikudzatha. N'chifukwa chake asayansi a ku Soviet Union ankazitchula kuti nyenyezi zouma gwa, dzina la black hole lisanatchuke cha m'ma 1967 kudzera mwa John Wheeler.

Tiyerekeze chonchi kuti zimveke. Mnzanu akugwera mu black hole, inu mwatsala kutali, mwagwirizana kuti azikutumizirani meseji sekondi iliyonse pa wotchi yake. Poyamba zikufika bwinobwino, imodzi pa sekondi. Akamayandikira malire aja mameseji ayamba kutalikirana, ina yafika patatha mphindi, ina patatha tsiku, ndipo yomwe atumize ali pamalire penipeni sidzafika mpaka kalekale. Kwa inu mnzanu uja wakanirira pakhomo, salowa. Koma musaganize kuti muzimuona ali lende pamenepo ngati chithunzi chapakhoma, kuwala kochokera kwa iye kumafika kutatopa, kumafiira, kumazilala, ndipo kwa black hole yolemera ngati dzuwa zonsezi zimatha sekondi isanakwane n'komwe, wangosowa mumdima. Mwaona? Tabwerera ku chimpira chakuda chija tinapeka pabwalo la mpira, bodza limodzi lija talitsata mokhulupirika latifikitsa pa chinthu chomwe chilipodi. Pa 10 Epulo 2019 gulu la Event Horizon Telescope linatulutsa chithunzi choyamba, cha black hole ya mu mlalang'amba wa M87, yolemera ngati madzuwa 6.5 biliyoni, kuwala kwa kumeneko kumatenga zaka 55 miliyoni kuti kutipeze, ndipo chomwe chinaoneka ndi mkombero wowala pakati pake pali bii. Mu Meyi 2022 anatulutsanso cha ya pakati pa mlalang'amba wathu, Sagittarius A*, yolemera ngati madzuwa 4 miliyoni.

Tsopano mufunseni mnzanu wogwayo, apa mpomwe pagona nkhani. Iye sanaone chilichonse chikuima. Wotchi yake ikugunda sekondi imodzi pa sekondi, mtima uli m'malo, akutumiza mameseji ake pa nthawi yake monga munagwirizana, malire aja wawadutsa osamva olo kabampu ngati black hole yake ndi yaikulu, palibe chikwangwani palibe geti. Ndipo nthawi yake sikuti yachuluka ayi, yatsala yochepa zedi. Mu ya mlalang'amba wathu ija, akadutsa malire watsala ndi pafupifupi mphindi imodzi asanafike pakati pomwe masamu athu amathera, mu chimphona cha M87 olo atachita mwayi bwanji ndi tsiku limodzi ndi maola ochepa. Mu yaing'ono yolemera ngati dzuwa safika n'komwe pamalire ali wamoyo, mapazi amakokedwa kwambiri kuposa mutu mpaka munthu kutanuka ngati chingamu. Ndiye "nthawi yaima" ndi mawu a otsala kunja, ngati mmene timanenera kuti uje anapita ku Joni anangoti zii, pomwe mwini wake kumeneko akudzuka m'mawa uliwonse kupita kuntchito.

Pali nkhani ina imazungulira yoti asayansi anaimitsa kuwala ndiye kuti anaimitsa nthawi. Theka loyamba ndi zoona. Lene Hau, mayi wa ku Denmark wogwira ntchito ku Harvard, mu 1999 iye ndi anzake anachedwetsa kuwala mpaka mamita 17 pa sekondi pokudutsitsa mu kamtambo ka maatomu a sodium ozizira koopsa, amenewo ndi makilomita 61 pa ola, minibasi ya pa M1 ingakupitirire, ndipo mu 2001 anakuimitsa kotheratu kwa kanthawi kochepa n'kukutulutsanso. Koma chinachitika ndi choti maonekedwe a kuwalako anasungidwa m'maatomu aja ngati mmene mumasungira nyimbo mu memory card, wotchi ya mu labu inkayenda, malipiro a anthu ankawerengedwa. Kuzizira nakonso kumapusitsa. Malire a kuzizira ndi madigiri 273.15 pansi pa ziro, palibe anafikapo ndendende, ndipo olo pamenepo maatomu amatsala ndi kakunjenjemera kena kosatha, komanso uranium mungaiziziritse bwanji imapitiriza kusweka pa nthawi yake. Zomwe tili nazo ndi zochedwetsa kuwonongeka basi, monga miluza yosungidwa mu nitrogen wamadzi pa madigiri 196 pansi pa ziro, kapena nkhokwe ya mbewu ya ku Svalbard, ku Norway, yomwe anatsegula mu 2008 ndipo imasunga mbewu pa madigiri 18 pansi pa ziro. Njere ya kanjedza yomwe inapezeka ku Masada, ku Israel, ya zaka pafupifupi 2,000, inamera mu 2005, zodabwitsa ndithu, koma asayansi anatha kuyeza zaka zake chifukwa choti carbon wa m'njere zimenezo, yemwe mtundu wake wina umasweka pang'onopang'ono ngati uranium uja, ankawerenga nthawi mwakachetechete zaka zonsezo.

Nanga bambo wathu wa tiyi uja, tiyerekeze kuti mavuto onse aja tawathetsa, galasi lagwira, achibale ndi okhulupirika, iye akumva bwanji mkatimo? Samva kanthu, ndipo sindikutanthauza mdima kapena tulo, chifukwa kuti uone mdima pafunika nthawi yoti uwuone. Amene anapangidwapo opaleshoni atagonekedwa ndi mankhwala akudziwa pang'ono, adokotala akuti werengani mpaka 10, mwafika pa 4, kenako mukuona bandeji pamimba anesi akukuitanani dzina, maola atatu asowa opanda olo loto. Iye angaone munthu akudina swichi, m'kuphethira komweko nkhope zasintha, pomwe panali golo pali tchalitchi, tiyi akadali wotentha akupitiriza kutayikira pa nsapato. Atamufunsa kuti kumalo kopanda nthawi kuli bwanji angayankhe kuti kuti, ine sindinapiteko kulikonse.

Nditamufotokozera zonsezi mphwanga anakhala chete pang'ono kenako akuti "chabwino achimwene, anthu tisaikemo, tingoikamo nyama basi, nyama ilibe minda yoti achibale alande." Ndinamufunsa kuti makina ake aja tinagwirizana kuti akhala kunja, aziyendera chiyani. Akuti magetsi. Tinayang'anana, tinayang'ana babu lomwe linali chizimire kuyambira m'mawa. Mwendo wa mbuzi womwe tinagula sabata yotsatira tinauthira mchere n'kuuwamba pa mbaula.